Geni, dilu ndi ankolo: kodi Chizungu cha pamsewu chikutiwonongera ana?

Zotsatira za mayeso a Fomu 4 zikangotuluka, m'maboma a Machinga ndi Balaka mumabuka mlandu umene sunazengedwepo mpaka kutha. Pamapezeka mwana amene wakhoza masamu, wakhoza zaulimi, wakhoza Chichewa ndi sayansi, koma satifiketi yamudutsa chifukwa wagwa Chingerezi. Lamulo la bungwe la MANEB ndi lodziwika: kuti munthu apatsidwe satifiketi ya MSCE ayenera kukhoza maphunziro asanu ndi limodzi, ndipo limodzi mwa iwo likhale Chingerezi. Makolo amaloza chala aphunzitsi, aphunzitsi amaloza mafoni, kenaka onse amagwirizana kuti wopalamula weniweni ndi chiyankhulo chimene ana amatola akangotuluka pageti la sukulu.

Chiyankhulocho sichisowa. Imani pa siteji ya minibasi ku Liwonde, pa mphambano yolowera ku Mangochi kapena pa depoti ya Balaka, mutchere khutu. Mnyamata wa kabaza akuthamangirani: "Bigi, tiyeni ndikakudropeni. Geni lero sikuyenda, mungondisovera ya mafuta." Mnzake amulanda mawu: "Aise, usandibowe, kasitomala ameneyu ndi dilu yanga." Ambiri mwa mawu amenewa anachokera ku Chingerezi, koma mzungu wa ku London amene watsika basi yomweyo kuti akaone njovu ku Liwonde National Park sangatolepo kanthu. "Gain" kwawoko ndi phindu. Kuno geni ndi kabizinesi komweko, ngakhale kakulowetsa pansi mwini wake. "Solve" ndi kupeza yankho la samu kapena la vuto. Kuno kusova kwafika potanthauza kupisa m'thumba. "Bore" ndi kugwetsa munthu ulesi. Kuno kubowa ndi kuputa mkwiyo. Aise uja ndi "I say" wa atsamunda, amene eni ake anamusiya kalekale.

Akatswiri a ziyankhulo anaziona zimenezi pasadafike mafoni a intaneti. Mu 2001 Francis Moto analemba za chimene anachitcha chiyankhulo chatsopano cha Malawi, ndipo pambuyo pake Chimwemwe Kamanga anachifufuza pa maphunziro ake a udokotala ku yunivesite ya Pretoria, n'kuchitchula ndi dzina loti Chibrazi. Koma kupatsa chinthu dzina sikuthetsa mkangano. Funso lidakalipo: kodi mawu otembenuzidwawa akupha Chingerezi cha ana athu, Chichewa chawo ndi ulemu wawo, kapena tikunamizira chinthu chosalakwa?

Tiyambe ndi odandaula, chifukwa dandaulo lawo si la nkhalamba zongodana ndi zatsopano monga achinyamata amaganizira. Ambiri mwa iwo ndi aphunzitsi amene amachonga zimangirizo usiku ndi tochi, ndipo amadziwa chimene akunena.

Iwo amati m'dziko muno Chingerezi ndi chipata. Ku yunivesite sikokwanira kungochikhoza, amafuna kirediti. Wofuna uphunzitsi, unamwino kapena upolisi amafunsidwa MSCE. Ngakhale amene akufuna kukaimira anthu a ku Machinga ku Nyumba ya Malamulo, gawo 51 la malamulo oyendetsera dziko limati azitha kuyankhula ndi kuwerenga Chingerezi mokwanira kuti azikatenga nawo mbali pa zokambirana, chonsecho omuvoterawo amayankhula Chiyao ndi Chichewa. Munthu akhoza kudana nalo dongosolo lotereli, koma mwana amene akulemba mayeso chaka chino sangalisinthe. Chimene angachite ndi kudutsa pachipatapo basi.

Tsono choopsa cha mawu a pa siteji, amatero aphunzitsi, si choti ndi achilendo, koma choti amaoneka ngati odziwika kale. Mwana akakumana ndi liwu limene sanalimvepo amafunsa, apo ayi amalilumpha. Koma akakumana ndi "gain" m'ndime ya mayeso mtima umakhala pansi, poti mayi ake amachita geni ya tomato pa msika wa Ulongwe, ndiye amayankha funsolo mosakayika, molakwika. Akafuna kunena kuti mchimwene wake anamukwiyitsa amalemba "he bored me", wochonga n'kumva kuti mchimweneyo ndi munthu wosasangalatsa kucheza naye. Pamwamba pa izo pabwera kalembedwe ka pa WhatsApp ndi Facebook. Dzanja limene lazolowera kulemba "u", "coz" ndi "gud nyt" kambirimbiri pa tsiku silifunsa chilolezo kumutu likafika m'chipinda cha mayeso. Aphunzitsi amawapeza mawu amenewa m'kalata yofunsira ntchito, pansi penipeni pa "Dear Sir".

Mfundo yawo yachiwiri ndi imene imandilasa kwambiri. Amati amene amayamikira chiyankhulo cha achinyamatachi ndi anthu oti anadutsa kale. Mwana wa pa sukulu yolipira ndalama zambiri ku Blantyre nayenso amanena dilu ndi geni, mwinanso kuposa wa ku Phalula, koma kunyumba kwawo kuli mabuku, kuli kanema, kuli makolo amene amamukonza akaphonya. Ali ndi Zizungu ziwiri, ndipo amadziwa chotulutsa pamaso pa ahedi ndi chotulutsa pamaso pa anzake. Mwana wa pa CDSS ya ku Ntaja, amene buku limodzi amagawana ndi anzake angapo, Chingerezi cha m'buku amakumana nacho kwa mphindi zowerengeka pa tsiku, pomwe cha pa siteji amasamba nacho kuyambira m'mawa mpaka usiku. Kumuuza kuti zonse ndi Chizungu, palibe cholakwika, ndi kumunamiza. Wolipira bodzalo adzakhala iyeyo, osati katswiri amene analinena.

Ndiye pali dandaulo la akuluakulu a kumudzi, limene silikhudzana ndi mayeso n'komwe. Machinga ndi Balaka ndi dera la chikamwini. Mwa Ayao, Amang'anja, Alhomwe ndi Achewa a kuno, mlongo wake wa mayi si munthu wamba. Ndi atsibweni, amalume, mjomba, mwini mbumba. Ndi amene amafunsidwa mbeta, amene amasankha ankhoswe, amene amaima pa bwalo mwana wa mlongo wake akapalamula, amene amaloza malire a munda. Mng'ono wa bambo ndi bambo aang'ono, ndipo udindo wawo ndi wina. Mwamuna wa azakhali ndi winanso. Lero onsewa tawathira m'thumba limodzi lotchedwa ankolo, pamodzi ndi mnzawo wa bambo wa kuntchito, mwini golosale, ndi mwamuna aliyense amene amabwera kudzacheza ndi mayi. Ku England liwu limodzi limakwanira chifukwa kumeneko mlongo wa mayi alibe mphamvu pa munda kapena pa ukwati wa wina aliyense. Kuno ali nayo.

Chimodzimodzi kazeni. Mwana wa mayi aang'ono si msuweni, ndi m'bale wako, mchimwene kapena mchemwali, ndipo sungamuyang'ane ndi diso lina. Mwana wa atsibweni kapena wa azakhali ndiye msuweni, amene umaseleulana naye mpaka kutukwanizana popanda mlandu, amene makolo akale ankaloleza ngakhale kukwatirana naye. Mwana akakula akutchula onsewa kuti makazeni, wataya chidziwitso chimene agogo ake ankachiyesa chofunika kuposa kuwerenga. Akuluakulu akamawiringula kuti ana a masiku ano sadziwa chibale, amakhala akunena zimenezi. Onjezanipo mnyamata amene amati bambo ake ndi madala, mayi ake ndi masteni, ndiponso kuitana munthu wa imvi kuti bigi, m'dera limene munthu wamkulu satchulidwa popanda Che patsogolo, mumvetsa chifukwa chake mitima imawawa.

Mbali inayo imayamba ndi funso lachipongwe pang'ono: nanga inu odandaula, mumayankhula chiyani? Gogo yemweyo amene akukalipira mdzukulu chifukwa cha dilu, m'mawa amatuma mwana ku sitolo kukagula sopo, shuga ndi buledi, Lamulungu amapita ku tchalitchi, akadwala amamutengera kwa adokotala. Nsapato zimene wavala, kalata imene walandira ndi ganyu amene amalemba anthu m'munda mwake, mawu onsewo anachokera kwa Apwitikizi. Palibe amene amawaona ngati alendo chifukwa anafika iye asanabadwe.

Ndipo si kuti makolo athu ankabwereka mawu mwaulemu, osawakhotetsa. Mu 1875 chombo choyendera nthunzi cha amishoni chotchedwa Ilala chinakwera mtsinje wa Shire, kudutsa pomwe pali Liwonde lero, kupita kunyanja. Azungu ankachitcha "steamer", makolo athu n'kuti sitima. Njanji itafika, iwo anatenga dzina la chombo cha pamadzi n'kuliika pa chinthu choyenda pamtunda. Lero zimene zimanyamula malasha kuchokera ku Moatize, kudutsa pa Nkaya ndi Nayuchi kupita ku doko la Nacala, zimayendera dizilo, nthunzi palibe, koma tonse timati sitima, ngakhale mphunzitsi wa Chingerezi amene. Zimene anachita makolowo ndi "steamer" ndi zomwezo zimene akuchita anyamata a kabaza ndi "gain". Kusiyana kwake ndi zaka basi.

Deralinso ndi la anthu oyenda. Amuna a kuno akhala akupita ku Joni kuyambira nthawi ya Wenela, imene Kamuzu Banda anaiimitsa mu 1974 ndege itagwa ku Francistown n'kupha anthu obwerera kuchokera ku migodi, kenaka nthawi ya Theba, mpaka lero pamene mabasi a ku Johannesburg amadzaza ndi anyamata a ku Nselema, Ntaja ndi Ulongwe. Amabwerako ndi njinga, malata, mafoni, komanso mawu. Kuvaya, mfana ndi maloboti a pamsewu anabwera m'zikwama zomwezo. Munthu sungalandire malata n'kubweza mawu. Ndipo Balaka, kwawo kwa Alleluya Band imene inayamba mu 1978, ndi imene inapatsa dziko lino Lucius Banda, amene mpaka imfa yake mu June 2024 aliyense ankamutchula kuti Soja ngakhale sanali wa ku Cobbe Barracks. Anthu anatenga liwu la msilikali n'kulipatsa tanthauzo la womenyera amphawi, ndipo sindinamve wina akudandaula kuti Chingerezi chaonongeka.

Eni Chingereziwo nawonso anakanganapo mkangano womwewu. Mu 1710 mlembi Jonathan Swift anadandaula m'nyuzipepala kuti anthu akuwononga chiyankhulo ndi mawu odulidwa ngati "mob", limene lero lili m'mabuku a zamalamulo. "OK" anayamba ngati nthabwala ya kalembedwe kolakwika mwadala m'nyuzipepala ya ku Boston mu 1839. "Nice", amene ana athu amamuphunzira ku Sitandade 3, kalekale ankatanthauza chitsiru. Mu January 2020 mtanthauziramawu wamkulu wa Oxford analowetsa mawu 29 a Chingerezi cha ku Nigeria, kuphatikizapo "okada", amene ndi kabaza wa njinga yamoto, ndi "next tomorrow", kutanthauza mkuja. Zimene mphunzitsi wa ku Lagos ankazichonga ndi cholembera chofiira, Oxford yazilemba m'buku.

Koma mfundo yolemera ya mbali imeneyi ndi ina. Iwo amati kuloza mawu a pa siteji ndi njira yophweka yothawira chifukwa chenicheni chimene ana amagwera Chingerezi. Pa kalembera wa 2018, Machinga inali ndi anthu oposa 735,000, ndipo Balaka, imene inapatulidwa ku Machinga mu 1998, inali ndi oposa 438,000. Ana ambiri mwa anthu amenewa, makamaka cha ku Chikweo, Ngokwe ndi Nyambi, amakula akuyankhula Chiyao. Tsiku loyamba ku Sitandade 1 amapeza mphunzitsi, amene mwina kwawo ndi ku Dedza, akuyankhula Chichewa. Asanachigwire bwino Chichewacho, Chingerezi chafika, ndipo pofika Sitandade 5 maphunziro onse kupatula Chichewa ali m'Chingerezi. Ambiri masana amapitanso ku madrasa kukaphunzira zilembo za Chiarabu. Mwana wotere si mbuli ya ziyankhulo ayi. Wasenza katundu amene mwana wa ku London sanamulotepo.

Boma nalo lakhala likusinthasintha maganizo pamutu pa mwanayo. Mu 1968 chipani cha MCP chinagamula kuti Chichewa ndi Chingerezi ndizo ziyankhulo za boma, zinazo zikhale za kunyumba. Mu 1996, mu ulamuliro wa Bakili Muluzi, mwana wa ku Machinga komweko, unduna wa zamaphunziro unalamula kuti ana a Sitandade 1 mpaka 4 aziphunzira m'chiyankhulo cha kwawo, koma mabuku a Chiyao ndi aphunzitsi ake sanafike m'makalasi monga zinayenera kukhalira. Lamulo la zamaphunziro la 2013 linatembenuka n'kunena kuti chiyankhulo chophunzitsira ndi Chingerezi, ndipo mu 2014 unduna unalengeza kuti ziyambire ku Sitandade 1. Kumbuyo kwa zonsezi kuli 1994, pamene maphunziro a pulayimale anakhala aulere ndipo chiwerengero cha ana chinalumpha kuchoka pa 1.9 miliyoni kufika pafupifupi 3 miliyoni, makalasi ndi aphunzitsi osakwanira. Mpaka pano si zachilendo kupeza mphunzitsi mmodzi ataimirira kutsogolo kwa ana oposa 100. Mwana amene sanagwirepo buku la nthano la Chingerezi n'kuliwerenga yekha mpaka kumapeto, tingati wagwa mayeso chifukwa cha liwu loti dilu? Zikadakhala choncho, bwenzi ana a kumidzi yakutali, kumene kulibe siteji, akukhoza Chingerezi kuposa a pa Liwonde, ndipo sindinamvepo mphunzitsi akunena zotero.

Achinyamata amabwezanso mlandu ku sukulu komweko. Amati Chingerezi chimene amalowezedwa nachonso chili ndi zachabechabe zake. Ndani sanaloweze kuti mvula yamphamvu ndi "raining cats and dogs", kumwalira ndi "kick the bucket", chinthu chosowa chimachitika "once in a blue moon"? Ana amakopera zining'a zimenezi m'kope, tanthauzo kumanja, chining'a kumanzere, n'kuzisunga ngati mbale za alendo za m'kabati zimene mwini nyumba sadyeramo. Tsiku la mayeso amazitulutsa zonse nthawi imodzi, mpaka wina kulemba kuti agogo ake okondedwa "kicked the bucket", osadziwa kuti kwa eni ake amenewo ndi mawu oseleula, oti sungawanene pamaliro. Palibe anamuuza kuti zining'a nazo zili ndi malo ake. Ndiye pali ndemanga yotchuka ija ya pa lipoti la kumapeto kwa teremu, "pull up your socks", yolembedwa kwa mwana amene wabwera kusukulu wosavala nsapato, n'kukaiwerengera kholo limene likudabwa kuti masokosi alowa bwanji m'nkhani ya masamu.

Pomwe ana akuloweza amphaka ndi agalu ogwa kumwamba, zimene zimapinga munthu tsiku ndi tsiku sizipatsidwa nthawi yokwanira. Timawu tating'onoting'ono ngati "put", "call" ndi "get" ndi timene timasocheretsa. "Put off" ndi kuimitsa kaye chinthu, "put up with" ndi kupirira, "put out" ndi kuzimitsa moto. "Call off" ndi kulephereka kwa msonkhano, "call on" ndi kukachezera munthu. Mnyamata amene wapeza ntchito pa loji ya alendo m'mbali mwa Shire amazindikira msanga kuti mlendo akati "I'm good" pamene wamufunsa ngati akufuna tiyi wina, sakudzitama kuti ndi munthu wabwino, akukana. Akati chinthu ndi "sick" kapena "wicked" maso ali mwee pa mvuu, akuyamikira. Zimenezi anyamata amaziphunzira pa ntchito, m'mafilimu ndi pa TikTok, osati m'kalasi. Ndiye akamati msewu umawaphunzitsa Chizungu chamoyo kuposa sukulu, sakunama kwenikweni.

Ine pa mlanduwu ndimaona kuti mbali yachiwiri yalondola pa chimene chikugwetsa ana, koma yoyamba yalondola pa amene akuvulala. Mawu a pa siteji sanabweretse vutoli, ndipo atati azimiririke mawa, ana a ku Ngokwe adzakhalabe opanda mabuku. Komabe mwana amene sadziwa kuti geni ndi "gain" zinasiyana njira amataya malikisi enieni, ndipo zoti Oxford inalandira "okada" sizimuthandiza m'chipinda cha mayeso ku Balaka. Cholakwika si kuti mwanayo amadziwa Chizungu cha pamsewu. Cholakwika ndi choti palibe amene anakhala naye pansi kumuonetsa pamene chimathera.

Apa ndi pamene ndimasemphana ndi masukulu amene amathana ndi nkhaniyi ndi chilango. Ambiri tikudziwa lamulo lija loti wopezeka akuyankhula chinenero cha kwawo pa sukulu akatchetche udzu kapena akakolope kalasi. Chimene limabala si Chingerezi, ndi chete. Mwana amasankha kusayankhula kusiyana ndi kulakwitsa, ndipo amatuluka Fomu 4 asanayesepo kumanga chiganizo chake pakamwa. Komanso lamulolo limasokoneza zinthu ziwiri zosiyana. Mwana akati "I am coming" akutuluka pakhomo, akati "borrow me your pen", akati "you are lost" kwa mnzake amene sanamuone nthawi yaitali, kapena "sorry" kwa munthu amene wapunthwa yekha, sanazitole pa siteji. Akuti ndikubwera, ndibwereke, mwasowa, pepani. Ndi Chichewa ndi Chiyao zovala malaya a Chingerezi, ndipo aphunzitsi eni ake, mabwana a m'maofesi ndi aphungu amayankhula chimodzimodzi. "Sorry" wathuyo ine sindingamusinthanitse ndi wa ku England, amene nthawi zambiri amatuluka munthu akalakwa yekha. Koma mwana ayenera kuuzidwa kuti wochonga mayeso adzadula "borrow me", ndiponso chifukwa chake.

Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno. Mphunzitsi wa ku Machinga alibe laibulale, koma ali ndi ana amene mitu yawo yadzaza kale ndi mawu ochokera ku Chingerezi. Atha kulemba geni pa bolodi, pambali pake "gain", n'kufunsa kalasi kuti awiriwa akusiyana pati. Ana amene amakhala duu pa phunziro la galamala adzakanganirana kuyankha, chifukwa uku ndi kwawo. Mawa kudoja ndi "dodge", mkuja kushaina ndi "shine", tsiku lina kuflasha, kutchaja, mayunitsi ndi bandulo. Mwana amene waona kusiyanako kamodzi ndi maso ake saiwala, ndipo amayamba kukayikira mawu ena amene ankayesa kuti akuwadziwa. Kukayikira kumeneko ndi kumene kumapulumutsa pa mayeso. Ophunzira uphunzitsi pa Machinga TTC atazolowetsedwa njira yotereyi, sipangafunike ndalama ya boma ngakhale tambala.

Pa nkhani ya ankolo ndi kazeni ndili kumbali ya akuluakulu, ndipo sindikuona chobwezera. Sitima sinalande malo a liwu lililonse lathu, chifukwa makolo analibe chinthu chotero. Geni yangowonjezera pa malonda ndi bizinesi. Koma ankolo akuthamangitsa mawu atatu kapena anayi amene aliyense anali ndi ntchito yake, n'kusiya limodzi losanena kanthu. Kungoti akuluakuluwo akulakwitsa poloza wopalamula. Si anyamata a kabaza amene anabweretsa ankolo m'nyumba. Ndi ife ophunzira, ogwira ntchito m'tauni, amene timafika kumudzi pa Khirisimasi kapena pa Idi n'kuuza mwana kuti, "Pita ukapereke moni kwa ankolo ako," poopa kuti atsibweni amveka achimidzimidzi. Mnyamata wa pa siteji akamati mjomba kwa kasitomala, mwina ndi amene akulisunga liwulo kuposa ife. Madala ndi masteni sizindidetsa nkhawa kwambiri, chifukwa mnyamata yemweyo akafika pakhomo amanjuta n'kuti, "Ababa, ndabwera." Amadziwa kuti madala ndi wonenera kumbali. Koma mwana amene sanamvepo liwu loti atsibweni alibe choti asinthire.

Chimene chikusowa ndi kabuku. A Centre for Language Studies ku Zomba anatulutsa mtanthauziramawu wa Chichewa mu 2000, ndipo alipo ena omasulira Chingerezi m'Chichewa, koma mphunzitsi wa pa CDSS akufunika chinthu chaching'ono kuposa pamenepo: masamba ochepa osonyeza liwu, tanthauzo lake pa siteji, tanthauzo lake pa mayeso, ndi chiganizo chimodzi cha chilichonse, zofotokozedwa m'Chichewa ndi m'Chiyao. Makina osindikizira ali pa Balaka pomwepa, kumene a Montfort Media amasindikizira The Lamp ndi Mkwaso. Osonkhanitsa mawuwo angakhale ana a Fomu 3 eni ake, aphunzitsi n'kumangokonza mbali ya mayeso. Vuto lake ndi loti mawu a achinyamata sakhalitsa. Ena amene ali pakamwa pa aliyense lero adzakhala a madala zaka zisanu zikubwerazi, ndiye kabukuko kadzafunika kulembedwanso kalasi ina ikafika Fomu 3.